Digital Wellbeing ndi Screen Time: Kuwerenga Amatha, Kutseka Ndiye Ayi

Foni yamakono iliyonse ya zaka zaposachedwa imabwera ndi pulogalamu yowerenga nthawi imene mwini wake amathera pa sikirini, kungoti ambiri sanaitsegulepo n'kamodzi komwe. Pa Android dzina lake ndi Digital Wellbeing, ndipo Google inaitulutsa mu 2018 pamodzi ndi Android 9. Pa iPhone ndi Screen Time, imene inabwera chaka chomwecho ndi iOS 12. Onse awiri ndi aulere ndipo simuchita kuwatenga pa intaneti. Tinene pomwe pano: mapulogalamuwa ndi akatswiri pokuuzani zimene mukuchita ndi foni yanu, koma pokuletsani ali ngati mlonda amene amakupatsani kiyi mukangomupempha.

Pa Android lowani mu Settings, mutsike mpaka pa Digital Wellbeing & parental controls. Mafoni a Samsung ali ndi dzina lomweli, koma kakonzedwe ka mkati n'kawokawo, choncho mabatani ena sakhala pamalo ofanana ndi a mafoni a Pixel a Google. Pa iPhone lowani mu Settings, kenako Screen Time, n'kuyatsa App & Website Activity. Mukapanda kuyatsa pamenepa palibe chimene chiwerengedwe. Sabata yoyamba musasinthe kalikonse, ingoisiyani iziwerenga.

Manambala amene mupeze ndi atatu: maola a pa sikirini, zidziwitso zimene zalowa, ndi maulendo amene mwatsegula foni. Anthu amathamangira pa maola chifukwa ndi amene amachititsa manyazi, koma nambala imeneyi ndi yosalongosoka kwenikweni. Imaphatikiza ola limene foni inali kukulozerani njira pa Google Maps, msonkhano wa kuntchito wa pavidiyo, ndi ola limene munangotaya pa TikTok, zonse mulu umodzi. Nyimbo zimene mumamvera sikirini ili yozima siziwerengedwa. Pa iPhone, mukayatsa Share Across Devices, maola a pa iPad ndi pa Mac amawonjezedwa pomwepo, ndiye nambala imatupa n'kukuopsani chabe. Manambala awiri enawo ndi amene amaloza pamene pali bala. Screen Time ili ndi kachigawo kabwino kwambiri kotchedwa First Used After Pickup, kosonyeza pulogalamu imene chala chimathamangirapo mukangonyamula foni. Ikakhala yomweyomweyo tsiku lililonse, ndiye kuti wakuba nthawi wanu mwamupeza.

Tsopano za malire a nthawi, pamene pali chikhumudwitso chachikulu. Pa Android mumadina kachizindikiro koyezera nthawi kamene kali pambali pa dzina la pulogalamu, n'kusankha maola ndi mphindi. Nthawiyo ikatha, pulogalamu imatseka, chithunzi chake chimachita mbuu, ndipo zidziwitso zake zimaleka kuoneka. Koma kuti muchotse malirewo, mumangobwerera pomwe paja n'kuwafufuta, palibe amene akufunseni nambala yachinsinsi. Pa iPhone zafika poseketsa: App Limits ikatseka pulogalamu, pasikirini pomwepo pamabwera batani la Ignore Limit, ndipo mukalidina mumapatsidwa mphindi imodzi, mphindi 15, kapena tsiku lonse. Pofika tsiku lachitatu chala chimakhala chitazolowera, chimadina chokha mutu usanaganize.

Komabe iPhone ili ndi njira yolimbitsira mpandawu. Ikani nambala ya Screen Time, ya manambala 4, yosiyana ndi yotsegulira foni, kenako pa malire aliwonse muyatse Block at End of Limit. Nambalayo aike munthu wina amene mumamukhulupirira, inu musaidziwe. Pali kamsampha apa: foni imafunsa akaunti ya Apple yobwezeretsera nambalayo ikaiwalika. Mukaikapo akaunti yanu, mudzatha kuisintha nokha usiku umene chilakolako chakula, ndipo ntchito yonse yapita m'madzi. Aikepo akaunti yake wosunga nambalayo.

Mipata ina ndi yoti munthu amaitulukira yekha mosavuta. Mukatseka pulogalamu ya Facebook pa Android, tsamba lake limatsegukabe bwinobwino mu Chrome, pokhapokha mutalola Digital Wellbeing kuona masamba amene mumalowa n'kuika malire patsambalo palokha. Facebook Lite imawerengedwa payokha, ngati kuti si m'bale wake wa Facebook. Ndipo choipa kwambiri n'chakuti malire onse amayambiranso 12 koloko usiku. Munthu amene nthawi yake inatha madzulo, ikangodutsa 12 amapeza pulogalamu yatseguka ndi maola atsopano, pa nthawi yeniyeni imene anayenera kukhala ali m'tulo. Amene vuto lake ndi kuchezera usiku, malire a pa tsiku okha samuthandiza.

Posankha nambala musadzinamize. Ngati mumathera maola atatu pa tsiku pa pulogalamu inayake, kuika mphindi 15 n'kudzitchera nokha, mudzafufuta malirewo dzuwa lisanalowe. Yambani ndi maola awiri ndi mphindi 15, mukhale nawo masabata awiri, kenako muchepetsenso.

WhatsApp ndiye imagonjetsa mapulogalamu onse awiriwa. Uthenga wa abwana, wa kasitomala ndi mavidiyo a m'gulu la anzanu a kusukulu zonse zimalowera khomo limodzi, ndipo chowerenga nthawi sichitha kusiyanitsa. Mukaitseka, mwatsekanso ntchito. Mankhwala ake ali mkati mwa WhatsApp momwemo: gulu laphokoso mulitontholetse kwa maola 8, sabata imodzi kapena mpaka kalekale, kenako muliike mu Archived kuti lisamabwere pamwamba.

Pa nkhani ya ntchito, Android ili patsogolo. Focus mode imakulolani kusankha mapulogalamu osokoneza n'kuwaimitsa onse pakamodzi, kaya pamanja kaya pa ndandanda, monga 8 koloko m'mawa mpaka 12 koloko masana Lolemba mpaka Lachisanu. Mukafuna kusuzumira pali Take a break ya mphindi 5, 15 kapena 30, ndipo ikatha imatsekanso yokha popanda inu kukumbukira. Kameneka ndi kanzeru kabwino, chifukwa kuiwala kwanu kumagwira ntchito yokuthandizani. Focus ya pa iPhone, imene inabwera ndi iOS 15 mu 2021, siitseka pulogalamu iliyonse. Imangotontholetsa zidziwitso n'kulola anthu amene mwasankha, ngakhale imathanso kubisa masamba ena a pasikirini yoyamba. Oopa kuphonya foni yangozi asade nkhawa: pa iPhone munthu akaimbanso kachiwiri mkati mwa mphindi 3 foni imalira, pa Android ndi mkati mwa mphindi 15, bola mwayatsa chilolezo cha oimba mobwereza.

Amene kuntchito kwawo anawaikira Work profile, ija ya mapulogalamu okhala ndi kachikwama pakona, angathe kuimitsa mbali yonse ya ntchito ndi batani limodzi akaweruka. Maimelo a ku ofesi amadikira mpaka m'mawa. Olemba ntchito amalamulira mbali ya ntchito yokhayo, saona zithunzi ndi mauthenga a mbali yanu. Koma ngati foniyo ndi ya kampani ndipo anaikonza ndi iwo kuyambira pachiyambi, mphamvu zawo zimakhala zambiri, choncho zanu zachinsinsi zisakhale m'menemo.

Chigawo chimene chimagwiradi ntchito pa thanzi ndi cha usiku. Bedtime mode ya pa Android imayatsa Do Not Disturb, yotontholetsa foni, n'kuchotsa mitundu yonse pasikirini, zonse n'kukhala zakuda ndi zoyera ngati chithunzi chakale. Zimaoneka zazing'ono, koma vidiyo yopanda mtundu siikoma, ndipo kadontho kofiira kosonyeza mauthenga kamataya mphamvu yake yokoka diso. Mutha kuiika pa ndandanda kapena kuti iziyamba mukalumikiza foni ku tchaja usiku. Pa mafoni ena atsopano chigawochi anachisamutsira ku Modes. Pa iPhone, Downtime imatseka zonse kupatula mafoni oimba ndi zimene mwaika mu Always Allowed, koma kuchotsa mitundu anakubisa kutali, mu Accessibility, Display & Text Size, Color Filters. Ikani pa Accessibility Shortcut kuti muzingodina batani la m'mbali katatu. Yambitsani zonsezi ola limodzi musanagone, osati pa nthawi yogonayo.

Musadalire kwambiri kuwala kwachikasu kwa Night Shift kapena Night Light. Kafukufuku wa pa Brigham Young University wa mu 2021 anayerekeza ogwiritsa ntchito foni usiku atayatsa Night Shift ndi amene sanayatse, ndipo sanapeze kusiyana kwenikweni pa kagonedwe kawo. Chimene chimathawitsa tulo si mtundu wa kuwala wokha, koma mkangano umene mukuwerenga ndi vidiyo yotsatira imene imayamba yokha.

Maso amatopa makamaka chifukwa munthu akayang'anitsitsa sikirini amaphethira mocheperapo, ndiye amauma n'kuyamba kuyabwa ngati mwalowa mchenga. Madokotala a maso amalangiza kuti pakatha mphindi 20 zilizonse muziyang'ana chinthu cha pamtunda wa mamita 6 kwa masekondi 20. Palibe pulogalamu mwa awiriwa imene imakukumbutsani zimenezi. Apple inangowonjezera Screen Distance mu iOS 17, ya mafoni okhala ndi Face ID, aja otsegula ndi nkhope: mukagwira foni pafupi kuposa masentimita 30 kwa nthawi ndithu, sikirini imaphimbika mpaka muitalikitse. Imanyansa, makamaka mutagona chagada, koma kwa ana ndi yothandiza. Za khosi ndiye onse ali chete. Dokotala wa msana Kenneth Hansraj anawerengera mu 2014 kuti mutu wolemera pafupifupi makilogalamu 5 umalemetsa khosi ngati makilogalamu 27 ukawerama madigiri 60. Ndi masamu chabe, osati kuyeza odwala, koma phunziro lake ndi losavuta: kwezani foni, musatsitse mutu. Za makutu, bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO limati munthu wamkulu asapitirire phokoso la madesibelo 80 kwa maola 40 pa sabata, ndipo pa iPhone mutha kuika malire amenewa mu Sounds & Haptics, Headphone Safety, Reduce Loud Audio.

Pa nkhani yoteteza zachinsinsi zanu ndi pamene mapulogalamu obwera ndi foniwa amaposa ena onse. Mu Play Store muli mapulogalamu ambiri olonjeza kutseka molimba, ndipo ena amatsekadi. Koma kuti atero amapempha chilolezo cha Accessibility, chimene chimawapatsa mphamvu yowerenga zolembedwa pasikirini, mauthenga anu ndi zina zotero. Kumeneko n'kusiyira fisi khola chifukwa choti mbuzi zikutuluka. Digital Wellbeing imadalira Usage access, imene imaona dzina la pulogalamu ndi nthawi imene yatsegulidwa, osati zimene mwalemba mkatimo, ndipo mutha kuizimitsa pa Manage your data.

Chodandaulitsa n'chakuti zida zenizeni zachinsinsi sanaziike patsamba lomweli, ndiye ambiri sazipeza. Kuyambira Android 12 pali Privacy dashboard, yosonyeza mapulogalamu amene agwiritsa ntchito kamera, maikolofoni ndi malo amene muli m'maola 24 apitawa. Pa iPhone, App Privacy Report ya kuyambira iOS 15.2 imasunga masiku 7, ndipo imasonyezanso maadiresi a pa intaneti amene pulogalamu iliyonse yalankhula nawo. Mukapeza pulogalamu ya tochi kapena ya masewera yafunsa malo anu 3 koloko usiku, ichotsereni chilolezo pomwepo. Zambiri zimakwanira ndi malo ongoyerekeza, choncho zimitsani Precise location kupatula pa mapu ndi mapulogalamu oitanira galimoto. Kadontho kobiriwira pamwamba pa sikirini kamatanthauza kuti kamera ikugwira ntchito, ndipo pa Android kamaimiranso maikolofoni, pamene pa iPhone maikolofoni ali ndi kake ka olenji. Dziwaninso kuti palibe chimodzi mwa izi chimene chimaletsa Instagram kapena YouTube kusunga zimene mumaonera muli mkati mwake. Kuchepetsa nthawi kumangochepetsa zimene akutola.

Kwa makolo nkhani imasintha, chifukwa kiyi amakhala ndi munthu wina. Family Link ya Google imalola kholo kuika malire a tsiku, nthawi yogona, kuvomereza mapulogalamu ndi kutseka foni ya mwana lili patali, koma silitha kuwerenga mauthenga ake. Screen Time imachita zofanana kudzera mu Family Sharing. Kwa ana aang'ono, malangizo a WHO a mu 2019 amati wosakwana zaka 2 asaonere sikirini n'komwe, ndipo wa zaka 2 mpaka 4 asapitirire ola limodzi pa tsiku. Mu 2023 Apple inavomereza kuti panali vuto lochititsa malire amene makolo aika kufufutika okha popanda chenjezo. Choncho kamodzi pa sabata tengani foni ya mwanayo m'manja, mutsegule Downtime ndi App Limits, muone ngati maola amene munaika akadalipo, ndipo polemba nambala yachinsinsi muzitembenuka, chifukwa manambala 4 mwana amawaloweza pongoyang'ana chala kamodzi.