Zida zopezera njira ndi nyenyezi pa masewera a zombo zamumlengalenga: zabwino, koma konzani zinthu zitatu

Ndazipatsa nyenyezi zinayi pa zisanu. Zida izi n'za osewera masewera apatebulo a zombo zoyenda pakati pa nyenyezi, komanso olemba nkhani zopeka za mtundu umenewu. M'bokosi muli kabuku ka malangizo, makhadi, lililonse la nyenyezi yake, ndi chimbale chapulasitiki choonekera mkati choyezera madigiri.

Chimene opanga anachigwira bwino n'chakuti nyenyezi sizikhazikika mofanana, ndipo anazigawa pawiri. Makhadi abuluu ndi a nyenyezi zakutali, zokuuzani kumene mphuno ya chombo yaloza. Ofiira ndi a zapafupi, zokuuzani pamene chombocho chili. Yesani nokha: sunthani chombo cham'mbali mtunda umene kuwala kumayenda zaka 10. Rigel, imene kuwala kwake kumatenga zaka pafupifupi 860 kutifika, isuntha osakwana digiri imodzi. Canopus, ya zaka 310, isuntha pafupifupi madigiri awiri. Koma nyenyezi ya zaka 20 idumpha madigiri oposa 25.

Kayendetsedwe kake nkosavuta. Yambani ndi zabuluu zitatu zotalikirana kuti mudziwe kumene mwaloza. Kenako yezani madigiri pakati pa zabuluuzo ndi zofiira ziwiri kapena zitatu, mujambule mizere pamapu, ndipo pamene mizereyo yakumana ndi pamene muli. Musasankhe zofiira zoyandikana. Mizere yake imayenda chogundana, malo okumanirana amatalika, ndipo kuphonya theka la digiri kumakutayani kutali. Kabuku kakufotokoza zimenezi momveka, ndipo si zopeka ayi: mu April 2020 chombo cha New Horizons, chili kutali kwambiri ndi dziko lapansi, chinajambula nyenyezi zapafupi za Proxima Centauri ndi Wolf 359, ndipo nyenyezi ziwirizi zinaoneka zitasuntha poyerekeza ndi zithunzi zojambulidwa padziko lapansi. Mapu a thambo la ku Alpha Centauri, nyenyezi zoyandikana ndi Dzuwa lathu, nawonso ndi olondola: kumeneko Dzuwa likuoneka m'gulu la nyenyezi la Cassiopeia, Sirius ili pambali penipeni pa Betelgeuse.

Choyamba, pamene zidazi zikutsimphina kwambiri ndi pa nthawi. Makhadi akusonyeza pamene nyenyezi ikuoneka, osati pamene ili lero. Tengani nyenyezi ya Barnard. Kuwala kwake kumatenga zaka pafupifupi 6 kutifika, pomwe iyo ikuthamanga makilomita pafupifupi 140 pa sekondi. Ngati chombo cha m'masewera anu chimadumpha mtunda wonsewo m'kuphethira kwa diso, mukafika n'kupeza nyenyeziyo itachoka kale ndi makilomita oposa 25 biliyoni, kuwirikiza kasanu ndi kupitirira mtunda wochoka pa Dzuwa kufika ku pulaneti ya Neptune. Ine ndikuti lembani nokha liwiro la nyenyezi kumbuyo kwa khadi lililonse lofiira, muchulukitse ndi zaka za mtundawo musanadumphe. Chimodzimodzi ngati nkhani yanu ikuchitika zaka mazana kutsogolo, chifukwa Barnard yemweyo amadutsa kukula kwa mwezi wathunthu pathambo m'zaka pafupifupi 180.

Chachiwiri, kabuku kakuti muzindikire nyenyezi poona kuwala kwake. Musadalire zimenezo. Betelgeuse inazimirira kwambiri kumapeto kwa 2019 mpaka February 2020, ndipo Algol imachepa kuwala pa masiku osakwana atatu alionse. Komanso mukayandikira nyenyezi ndi theka la mtunda, imawala kuwirikiza kanayi. Madigiri a pakati pa nyenyezi zakutali ndiwo odalirika.

Chachitatu chandidandaulitsa, chifukwa chikanangotenga tsamba limodzi. Palibe ndandanda yokonzera liwiro la chombo. Chombo chikathamanga kwambiri, nyenyezi zimaoneka ngati zaunjikana kutsogolo. Pa theka la liwiro la kuwala, nyenyezi imene ili pambali penipeni, pa madigiri 90, imaoneka pa madigiri 60 kuchokera kumphuno. Mukayeza mukuthamanga chonchi popanda kukonza, mizere sikumana n'komwe. Imitsani chombo kaye, kapena werengerani nokha.

Tsamba lomaliza, la ma pulsar, nyenyezi zozungulira mofulumira zimene zimathwanima mwa ndondomeko, ndi labwino ngakhale n'lalifupi. Likufotokoza mmene kuthwanima kwawo kumagwirira ntchito ngati wotchi, njira imene NASA, bungwe la ku America la zamumlengalenga, inaiyesa mu 2017 pa International Space Station, malo ofufuzira amene amazungulira dziko lapansi, ndipo likuchenjeza kuti ena, monga wa Vela, nthawi zina amasintha kazunguliridwe mwadzidzidzi.

Chimbale chili ndi mizere ya digiri yathunthu yokha, choncho kusuntha kwa Rigel simungakuwerenge bwino. Gulani choyezera china chokhala ndi theka la digiri. Makhadi ndi olimba, koma utoto wa manambala pachimbalecho umafufutika ndi thukuta la m'manja, ndiye matanipo tepi yoonekera mkati musanayambe kuchigwiritsa ntchito.