Galaja ya kuseri kwa Kapata ndi mkono wakumbuyo wa Mark X yanga

Galimoto yanga ndi Toyota Mark X ya 2006, ya injini ya V6 ya malita 2.5, ija imakankha ndi matayala akumbuyo. Ndine mphunzitsi kuno ku Chipata, ndipo kawiri pamwezi ndimapita kumudzi kukaona amayi, kuseri kwa Katete. Ndi makilomita opitirira 80 pa phula la Great East Road, kenako n'kupatukira mumsewu wafumbi wokhala ndi timizere ngati malata. Akazi anga ananena kalekale kuti galimoto yofupika chonchi siyoyenera njira ya ngolo za ng'ombe. Sindinawamvere, ndipo mpaka lero amandikumbutsa.

Vuto linayamba mvula itangotha, mu Epulo. Ndikakwera hampu m'tauni, kumbuyo chakumanzere kunkamveka "gu!", kamodzi kokha, ngati wina wamenya mtondo ndi munsi. Phokoso lokhalo ndikanalipirira. Chimene chinandiopsa ndi chakuti pa liwiro la 90 kapena 100, ndikangochotsa phazi pa mafuta, matako a galimoto ankagwedezera kumbali pang'ono, ndikapondanso n'kubwerera. Chiwongolero chili phee m'manja, koma galimoto ikusintha njira yokha. Tsiku lina chakufupi ndi Mtenguleni tikupitirira thiraki, inavina moti akazi anga anandigwira pabondo n'kufunsa kuti, "Kodi mwayamba kusinza?" Nditafika kunyumba ndinagwada n'kupapasa tayala lakumbuyo lakumanzere. Kunja linali labwinobwino, koma m'mphepete mwake chamkati linali litasalala ngati chikhatho.

Makanika woyamba, amene sindimutchula, anangodina buti kawiri, n'kunena kuti mashoka, zitsulo zija zimaletsa galimoto kudumphadumpha, atha. Ndinagula awiri, pamodzi ndi ntchito K1,900. Ndikutuluka pamalopo, hampu yoyamba yomwe, "gu!" Nditabwerera anati ndiye kuti ndi timalinki ta stabiliser, chitsulo choletsa galimoto kupendekera kwambiri pakona, tigule. Apo ndinazindikira kuti munthuyu akuchita maula ndi thumba langa, ndipo tidzasintha chitsulo chimodzichimodzi mpaka galimoto yonse idzakhale yatsopano.

Amene anandilozera kwina ndi dalaivala wa takisi, kholo la mwana wa m'kalasi mwanga. Galajayo ili kuseri kwa msika wa Kapata, ilibe chikwangwani, mpanda wake ndi wa malata akale, mkati muli dzenje limodzi lolowera pansi pa galimoto ndi mthunzi wa mtengo wa mango. Mwini wake ndi bambo wachikulire, wa imvi, wosachedwa kuseka komanso wosachedwa kukalipira anyamata ake awiri.

Chinthu choyamba chimene anachita chinandidabwitsa. Anandiuza kuti nditsitse zonse za m'buti: jeki, tayala lapadera, sipanala, ngakhale chigubu cha madzi. "Aphunzitsi, anthu ambiri amabwera kuno ndi matenda a jeki yosamangirira," anatero. Kenako anakhala pampando wakumbuyo, ine ndikuyendetsa, tinatsika mpaka kumlatho wa Lutembwe n'kubwerera. Ankandiuza kuti ponda, siya, pondanso, kwera hampuyo ndi tayala limodzi. Anafunsa ngati pali kulira kwa "wuuu" kumene kumakula ndi liwiro, chifukwa kumeneko kukanakhala kwa bearing, chitsulo chimene tayala limazungulirapo. Kunalibe. Tikubwerera anangoti, "Shoka sapangitsa galimoto kukhota yokha. Pali chimene chamasuka."

Atafika anaikweza n'kuikhazika pa zitsulo zake zochirikizira, osati pa njerwa monga ndimaonera m'malo ambiri. Anagwira tayala pamwamba ndi pansi n'kuligwedeza. Zii. Analigwira kutsogolo ndi kumbuyo, n'kukankha uku akukoka uku. Tayala linasuntha, ine ndikuona ndi maso angawa, ndipo kunamveka ka "kho, kho" kochokera mkati. Anandiitanira m'dzenje, thalauza langa lakusukulu lomwelo, n'kundiyatsira tochi ya foni.

Ndinali ndisanaonepo pansi pa galimoto yanga. Ma Corolla ndi ma Spacio ambiri amene adzaza m'tauni muno ali ndi chitsulo chimodzi chachikulu chopingasa kumbuyo, matayala onse awiri amagwirira pomwepo. Mark X ndi ina. Tayala lililonse lakumbuyo limagwiridwa ndi mikono isanu, imene amakanika amati ma control arm kapena kungoti ma arm: iwiri pamwamba, ina pansi, ndi wina umene ntchito yake ndi kuonetsetsa kuti tayala likuyang'ana kutsogolo osapotokera mkati kapena kunja. N'chifukwa chake galimotoyi imakhala bwino pakona, n'chifukwa chakenso ikadwala kumbuyo anthu amangolota. Bamboyo anatenga chitsulo chachitali chotukulira tayala n'kumachilowetsa pa mkono uliwonse, kukanikiza, kuyang'ana, kupita pa wina. Inayi inalimba. Atafika pa wachisanu, uja wowongola tayala, mkono wonse unayenda ngati dzino logwedera. "Chuluke chuluke ngwa njuchi, aphunzitsi," anatero, "umanena iyo yakuluma. Ndi iyi."

Anandionetsa bwinobwino. Kumapeto kumene mkonowo umamangidwa ku thupi la galimoto kuli bushi, mphira wokhuthala womatidwa pakati pa kapaipi kamkati ndi chibowo cha mkono. Mphirawo unali utang'ambika mozungulira, utalekana ndi kapaipi, ndipo panali fumbi lofiira la dzimbiri posonyeza kuti chitsulo chakhala chikukhuzana ndi chitsulo chinzake. Kumapeto kwinako, kutayala, kuli ball joint, mfundo yachitsulo yotembenuka ngati ya paphewa. Kachikwama kake ka mphira kanali kataboka, girizi yense atatuluka, mchenga wa kwathu utalowa m'malo mwake. Ndiye ndikaponda mafuta tayala linkakankhira kutsogolo n'kupotoka pang'ono, ndikasiya n'kupotokera kwina. Kuvina kuja kunali kumeneko, ndipo kudyeka kwa tayala chamkati kunali komweko. Mashoka anga akale, amene ndinawasunga m'katoni, anawayang'ana n'kuwakanikiza pansi ndi dzanja. Sanali kudontha mafuta, ankabwerera bwinobwino. Sananene kanthu za mnzake uja, anangopukusa mutu.

Pa za sipeya anandiyalira njira zonse popanda kundikakamiza. Kuli anyamata amene amasema mabushi kuchokera ku matayala akale, otchipa kwambiri, ndipo iye anati pa ngolo kapena pa kasipuling'i ka vani amagwira ntchito, koma pano ayi. Kuli kugula bushi yokha n'kuilowetsa ndi puresi, zimene zikanatheka ball joint ikanakhala yamoyo, koma ya pa mkono umenewu inali itapita. Kuli mkono watsopano wonyezimira wa m'pepala lopanda dzina, gong'a, umene anati mphira wake sumaliza dzinja limodzi. Ndiye kuli mkono weniweni wa Toyota wochotsedwa ku galimoto zodulidwa zochokera ku Japan, salaula wa zitsulo. Tinasankha umenewu.

Apa ndiye pamene ndili ndi dandaulo. Tinazungulira m'mashopu a sipeya ku Down Shops osaupeza, choncho anaimbira munthu wake ku Lusaka kuti autumize pa basi. Anandilonjeza masiku awiri. Anakhala asanu. Mkono woyamba kufika unali wa galimoto ina, wotalikirapo ndi chala chimodzi, unabwezedwa. Zimenezo si mlandu wake kwenikweni, Lusaka ili pa mtunda wa makilomita oposa 550 ndipo munthu amagula chinthu pa chithunzi cha WhatsApp. Koma bambo wa galajayu foni sayankha. Umaimba kasanu, kenako mnyamata wake ndiye amayankha kuti, "Mudala ali pansi pa motoka." Masiku onsewo ndinkapita kusukulu pa njinga yakabaza, mabuku a ana ali pamiyendo, ndipo palibe anandiuza kuti sipeya yoyamba yalakwika mpaka nditapita ndekha kukaona.

Tsiku lomanga ndinapempha kuti ndikhalepo, ndipo sanakane. Asanamasule chilichonse anaika mkono watsopano pambali pa wakale n'kuyerekeza utali ndi mabowo, n'kupinda ball joint yake ndi dzanja kuti amve ngati ili yolimba. Bawuti yamkati ya mkono umenewu si wamba. Ili ndi washa, kachitsulo kobulungira kokhala ndi bowo chakumbali, moti ukaitembenuza imakankha mkono kunja kapena kuukokera mkati, ndipo ndi pamene amakonzera alaimenti, kuwongola kayang'anidwe ka matayala. Anatenga penti yoyera n'kulemba kamzere pa washayo ndi pa chitsulo cha galimoto kuti pobwezera adziwe pamene inali.

Bawutiyo inakana. Inali itamatirira ndi dzimbiri mkati mwa kapaipi ka bushi. Mnyamata wamng'ono anathamangira kukatenga moto wa gasi, bamboyo anamukalipira mpaka amayi ogulitsa vitumbuwa panja anasuzumira. "Iwe, thanki ya petulo ili apa pamutu pako! Ufuna tikadye nsima ya maliro?" M'malo mwake anaithira mafuta omasulira dzimbiri, n'kuisiya, ife n'kumwa tiyi, kenako kuigogoda pang'onopang'ono, kuithiranso, kuitembenuza uku ndi uku. Inatenga pafupifupi ola lathunthu bawuti imodzi. Kuona maso a nkhono n'kudekha. Itatuluka anaipala ndi burashi yawaya n'kuipaka girizi pathupi pake kuti wodzamasula mtsogolo asadzavutike. Ball joint anaitulutsa ndi kachida kake kokanikizira, osati kuiphwanya ndi hamala.

Chimene ndinaphunzira chachikulu chinabwera pomaliza. Atalowetsa mkono watsopano, nati ya ku ball joint anaimanga mpaka kulimba, koma bawuti ya ku bushi anangoigwiritsa pang'ono. Anabwezera tayala, anatsitsa galimoto pansi, anaikankha kutsogolo ndi kumbuyo, anaidina kangapo, ndiyeno analowa m'dzenje n'kumanga bawutiyo galimoto itaima ndi kulemera kwake konse. Ndinafunsa chifukwa chake. Anati mphira wa bushi suzungulira pa bawuti ayi, umapotoka ngati mmene umafinyira chovala chonyowa. Ukaumanga tayala lili lende m'mwamba, potsitsa galimoto mphirawo umakhala wopotoka kale usiku ndi usana, ndipo ukakwera hampu umapotoka kupitirira muyeso wake. Miyezi ingapo wang'ambika, mwini galimoto n'kumati sipeya inali yabodza. Pomanga anagwiritsa ntchito sipanala ija imalira "kha" ikafika pa mphamvu yoyenera, imene amaisunga m'bokosi lake lokhoma ngati Baibulo la agogo.

Mbali yakumanja anaiyesanso chimodzimodzi. Anati mphira wayamba timing'alu koma sunamasuke, ndipo ngakhale ambiri amasintha mbali zonse nthawi imodzi, ndikhoza kudikira malipiro a miyezi iwiri kapena itatu. Munthu wina akanandigulitsa iwiri tsiku lomwelo, ine n'kuthokoza.

Makina a alaimenti alibe, ndipo sabisa. Anakoka chingwe kuchokera kutayala lakutsogolo mpaka lakumbuyo kuti aone kuti silinapotoke moonekera, n'kundiuza kuti kamzere ka penti kaja ndi kongondifikitsa kumalo a matayala, ndisapite nako ku Katete. Anandichenjezanso kuti ndikawauze achite matayala onse anayi, chifukwa ena amangokonza kutsogolo n'kukulipiritsa. Ndinapita tsiku lomwelo, ndipo pa kompyuta tayala lija linaonekadi kuti linali litatsegukira kunja pang'ono. Anatembenuza bawuti ija mpaka manambala anasanduka obiriwira.

Ndalama zinayenda motere: mkono K850, basi K100, ntchito K400, alaimenti kwina kuja K300. Tayala lodyekalo ndinayenera kugula lina, poti ku RTSA, bungwe loona za pamsewu kuno ku Zambia, poyesa ngati galimoto ili yoyenera kuyenda silikanadutsa, ndipo limenelo ndimaliwerengera pa miyezi imene ndinataya ndi mashoka. Lisiti yake ndi pepala long'amba m'kope la sukulu, koma analembapo tsiku, makilomita a pa galimoto ndi mbali imene wasintha. Malipiro amalandira pa foni. Malo okhala makasitomala palibe, kupatula mpando wakale wa minibasi pansi pa mango, ndipo amayi amene sakonda fumbi ndi nthabwala za anyamata a m'galaja angachite bwino kusiya galimoto n'kubwera madzulo. Pampando wanga woyendetsera anasiyapo chidindo cha girizi cha dzanja lonse, zala zisanu, chimene akazi anga anachichapa akung'ung'udza.

Loweruka lotsatira ndinanyamula matumba awiri a fetereza wa kudimba ndi amayi aang'ono amene ankabwerera kumudzi. Pa Msekera ndinasiya mafuta dala pa 100, n'kupondanso, manja ndikugwira chiwongolero mopepuka. Galimoto inangoyenda mowongoka ngati yakokedwa ndi chingwe. Mumsewu wafumbi munali phokoso la miyala yokha ndi nkhuku ya amayi aang'ono m'katoni. Papita miyezi inayi tsopano, tayala latsopano likudyeka mofanana mbali zonse, ndimalipapasa Lamlungu lililonse ndikamatsuka. Mkono wakumanja ndaitanitsa kale, nthawi ino ndatumiza ndekha chithunzi chokhala ndi tepi yoyezera pambali pake, ndipo ndawauza bambowo kuti mvula ya Novembala isanagwe ndibweretsa galimoto, pamodzi ndi chitenje choyala pampando.