Ulendo wa mbiri ya Wisconsin ku Madison: minibasi sitinaione, ndalama sanabweze, koma agogo otiperekeza aja ayi ndithu

Ndikupereka nyenyezi zitatu ndipo zonse zitatuzo ndi za bambo wachikulire amene anatiperekeza, a mu ofesi aja olo theka la nyenyezi sindingawapatse. Ndinagula matikiti awiri, yanga ndi ya amayi amene abwera kudzationa kuchokera ku Zomba, madola 55 munthu mmodzi, a ulendo uja wa maola atatu umene amati muli kuyenda wapansi kuyambira ku Capitol, nyumba ya malamulo ya boma la Wisconsin, kutsika State Street mpaka ku Bascom Hill pa yunivesite, kenako minibasi ikutengeni kukaona manda a bwanamkubwa wakale La Follette ku Forest Hill. Wapansi wokha ndi madola 35, ine ndinawonjezera dala chifukwa cha minibasiyo poganizira mawondo a amayi.

Tinafika 9 koloko isanakwane, Loweruka la mu Novembala, mphepo yochokera ku nyanja ya Mendota ikulowa mpaka m'mafupa. Mayi wa kampaniyo anali ndi pepala la maina, anthu akubwera akungotchula dzina iye n'kuchonga, kumwetulira, kuwapatsa kachingwe kovala m'khosi. Titafika ife ndatchula dzina langa bwinobwino, iye osayang'ana n'komwe pa pepalapo akuti mwina mwasokoneza gulu, ulendo waulere uli mkati mwa Capitol. Ndati ayi mayi talipira. Akuti onetsani risiti. Ndaonetsa pa foni, akuti ya pa foni siyokwanira akufunanso chiphaso chokhala ndi chithunzi, changa ndi cha amayi. Pa anthu 14 tinalipo palibe wina anafunsidwa chiphaso, ndinawerenga ndithu chifukwa mtima unali utayamba kale kutentha. Pasipoti ya amayi tinaisiya kunyumba, ndani amayenda ndi pasipoti pokaona ziboliboli? Ndiye anatiimika pambali mphindi pafupifupi 20 iye akuimbira foni kaya kwa ndani, amayi a zaka 68 ataima pamphepo manja ali m'khwapa, chitenje achikulunga pamwamba pa jekete, akundinong'oneza kuti "mwanangu tiyeni tizipita, tisavutitse anthu." Mawu amenewo ndi amene anandipweteka kwambiri, munthu walipira ndalama zake koma akudziona ngati wopempha. Mapeto ake dzina langa linali pomwepo, lachitatu kuchokera pamwamba, ndinachita kumulozera ndi chala. Pepani sanatuluke pakamwa pake. Anangoti zilembo za dzina lanu ndi zovuta.

Za minibasi a kampaniwo anadikira mpaka titamaliza kuyenda ndiye n'kutiuza kuti dalaivala wadwala. Ndalemba maimelo atatu kufuna madola 40 anga a pamwamba aja, yankho ndi lakuti andipatsa kuchotsera pa ulendo wina. Ulendo wina wa chani ine?

Ndinayamba kuyenda nditakwiya ndipo ndinali nditatsimikiza kuti palibe chimene ndimve. Koma wotiperekezayo, mphunzitsi wopuma pantchito, tsitsi lonse mbuu, chipewa cha ulusi chong'ambika pakhutu, anabwera yekha kwa amayi n'kuwapatsa magolovesi ake, kenako anafunsa kuti dzina lawo limatchulidwa bwanji mpaka analitchula molondola kachitatu. Amayi anangomutcha agogo basi, ngakhale mwina ndi a msinkhu umodzi.

Mkati mwa Capitol, pansi pa denga lozungulira lija, anatiimika pa chiboliboli cha mutu wa Robert La Follette, uja ankamuti Fighting Bob, tsitsi lake lotukuka ngati lipombo la tambala. Anafotokoza kuti kale m'boma la Wisconsin makampani a njanji ndi a matabwa ndi amene ankagwira chingwe, aphungu ankapatsidwa matikiti a sitima aulere, oimira chipani ankasankhidwa ndi akuluakulu ochepa atadzitsekera m'chipinda. La Follette ankanena kuti mu 1891 senata wolemera Philetus Sawyer anafuna kumupatsa ndalama kuti akanyengerere jaji amene anali mlamu wake, iye anakana, ndipo kuyambira pamenepo anadana ndi akuluakulu a chipani chake chomwe. Anakhala bwanamkubwa kuyambira 1901 mpaka 1906. Lamulo la zisankho zachipulula, kuti anthu wamba azisankha okha wodzaimira chipani, linadutsa mu 1903 ndipo anthu analivomereza pa voti mu 1904. Apa amayi anandigwira dzanja akuti afunseni ngati kunalibe kubera, chifukwa zachipulula za kwathu amazidziwa bwino. Agogo aja anaseka akuti kulimbana kunalipo koopsa, mu 1904 chipanicho chinagawikana pakati.

Pamene mtima wanga unatembenukira ndi pa 1911. Chaka chatha ndinavulala msana kuntchito ponyamula wodwala, ndinakhala pakhomo masabata asanu ndi awiri, chipatala sindinalipire ndipo ndinkalandira pafupifupi magawo awiri mwa atatu a malipiro anga. Ine ndinkangoti ndi inshuwalansi ya abwana, mwina chifundo chawo. Ayi. Ndi lamulo la chipukuta misozi kwa ovulala pantchito limene Wisconsin inakhazikitsa mu 1911 nthawi ya bwanamkubwa Francis McGovern, loyamba mu America kugwira ntchito osagwetsedwa ndi makhoti. Agogo anati lisanabwere, munthu makina akakudula dzanja umayenera kusumira abwana wekha n'kutsimikizira khoti kuti wolakwa ndi iwo, ndipo zikapezeka kuti wolakwitsa anali mnzako wa pantchito basi mlandu watha, pita kwanu ndi chigongono chako. Ndinaima pamenepo ndikuganiza za lendi ya miyezi iwiri ija imene ndinalipira ndili chigonere, misozi inalengeza ndithu. Chaka chomwecho anayambitsanso msonkho wa boma wodula pa zimene munthu amapeza, umenewo sindinauombere m'manja kwambiri koma ndinamvetsa.

Chimene chinandisangalatsa ndi mmene anasonyezera kuti msewu womwe tinkayendamowo ndiwo nkhani yake. State Street mbali ina kuli Capitol mbali ina kuli yunivesite, ndipo aphunzitsi a kumtunda kuja ankatsika kudzathandiza aphungu kulemba malamulo, ndi zimene amati Wisconsin Idea. John R. Commons ndi ophunzira ake ndi amene anakonza zambiri za malamulo a ntchito. Mu 1932 boma lino linakhala loyamba kukhazikitsa ndalama zothandiza ochotsedwa ntchito, wosainira anali Philip La Follette mwana wa Bob, ndipo Edwin Witte, wophunzira wa Commons, ndi amene anakatsogolera kukonza Social Security, ndondomeko ya penshoni ya dziko lonse ya 1935. Za akazi sanadumphe. Belle Case La Follette, mkazi wa Bob, anali mkazi woyamba kumaliza sukulu ya zamalamulo pa yunivesiteyi mu 1885, ndipo pa 10 June 1919 Wisconsin inavomereza kusintha kwa malamulo kopatsa akazi ufulu wovota. Za mameya a sosholizimu a ku Milwaukee, Emil Seidel, Daniel Hoan ndi Frank Zeidler, anangodutsapo mwachangu chifukwa nthawi inali itadyedwa kale ndi mayi wa pepala uja.

Dandaulo langa kwa agogo ndi limodzi. Pa Bascom Hill anayamikira kwambiri Charles Van Hise, mkulu wa yunivesite nthawi ya La Follette, osatchula mbali yake yoipa mpaka mtsikana wina wa m'gulu lathu atafunsa. Ndipamene anavomera kuti Van Hise ankakhulupirira kuti anthu ena ndi osayenera kubereka, ndipo mu 1913 boma lomweli linakhazikitsa lamulo lotseketsa kubereka anthu osungidwa m'malo a odwala misala ndi olumala ubongo. Commons nayenso analemba zonyoza anthu akuda ndi obwera ochokera maiko ena. Ine ndimagwira ntchito ndi anthu olumala tsiku ndi tsiku, ndimawasambitsa, ndimawadyetsa, zimenezi zisamachite kudikira funso. Anayankha moona mtima inde, nkhope ili pansi, ndipo anati mu zimene kampani inawalembera kuti azinena mulibe zimenezo. Chimodzimodzi chiboliboli cha Vel Phillips chimene anaimika panja pa Capitol mu 2024, ndinachita kupempha ine kuti tiimepo. Mayi wakuda ameneyu analimbana zaka ndi zaka kuti ku Milwaukee asamakanize munthu nyumba chifukwa cha khungu, mu 1967 anayenda nawo m'misewu ndi Father James Groppi akugendedwa, ndipo mu 1978 anasankhidwa kukhala mlembi wamkulu wa boma. Amayi anajambulitsa pamenepo zithunzi zinayi.

Kumapeto ananena zimene sindinkayembekezera, kuti zinthu zimenezi zimabwereranso m'mbuyo. Mu 1946 Robert La Follette Jr. anagonja pa zachipulula zomwezo zimene bambo ake anamenyera, wopambana anali Joseph McCarthy, amene anadzatchuka ndi kusaka anthu powanena kuti ndi achikomyunizimu. Mu 1959 Wisconsin inali yoyamba kulola ogwira ntchito m'makhonsolo kukambirana za malipiro kudzera m'mabungwe awo, koma mu 2011 lamulo la Act 10 la bwanamkubwa Scott Walker linachotsa pafupifupi mphamvu zonsezo. Agogo anati iwo anagona pansi mu Capitol momwemo nthawi ya zionetsero, ndipo tili mkatimo anali atatilozera pakona pamene anayala bulangete lawo, pafupi ndi chiboliboli cha Bob.

Ndiye abale amene muli kuno kapena mukubwera ndi alendo, musalipire ya minibasi, tengani ya 35 yokha, sindikizani risiti pa pepala, ndipo funsani kaye ngati wotsogolera tsikulo ndi bambo wachikulire wa chipewa cha ulusi. Kulowa mu Capitol ndi ulere, asakunamizeni kuti zili mu mtengo. Agogo aja anatilembera pa kapepala basi yokwera kupita ku Forest Hill, Loweruka likubwerali tipita tokha ndi amayi asanabwerere ku Zomba, akuti akufuna akaone pamene anagona Belle. Magolovesi aja tinaiwala kubweza, ali pa tebulo pano, ndipo sindikawasiya ku ofesi ija mpaka atandibwezera madola 40 anga.