Rosemary's Baby kapena Titane: muyambe ndi iti?

M'mafilimu onse awiriwa muli mayi wonyamula mimba yachilendo, koma kuopsa kwake n'kosiyana.

Rosemary's Baby ya Roman Polanski, ya mu 1968, ilibe magazi ambiri. Choopsa chake ndi anthu okoma pakamwa. Rosemary, yemwe akuseweredwa ndi Mia Farrow, akukhala ku New York ndi mwamuna wake Guy, ndipo aliyense ali ndi chonena pa mimba yake kupatula mwiniwakeyo. Minnie, gogo woyandikana nawo nyumba, tsiku ndi tsiku amabwera ndi chakumwa cha zitsamba. Dokotala amene Minnie ndi mwamuna wake anamusankhira akumuletsa kuwerenga mabuku ndi kumvera anzake. Mayi akuonda, akubuula ndi ululu, iwo akungoti zitha zokha. Pamene pamandiwawa kwambiri ndi pomwe Rosemary athawira kwa dokotala wake woyamba, Dr Hill: dokotalayo amumvetsera bwinobwino, amugoneka kuti apumeko, kenako n'kuitana mwamuna wake kuti adzamutenge. Kumbukirani kuti filimuyi inatuluka zaka 5 chigamulo cha khoti lalikulu pa mlandu wa Roe v. Wade chisanaloleze kuchotsa mimba m'dziko lonse la America mu 1973.

Titane ya Julia Ducournau, yomwe inapata mphoto yaikulu ya Palme d'Or ku chikondwerero cha mafilimu cha Cannes mu 2021, sinyengerera. Alexia anaikidwa chitsulo m'mutu atachita ngozi ali mwana, ndipo atakula akutenga mimba ya galimoto. Inde, galimoto. Akuyesa kuichotsa yekha ndi kachitsulo kopanira tsitsi, koma chotuluka ndi oyilo wakuda bii. Pothawa apolisi, poti naye ndi chigawenga chopha anthu, akumeta tsitsi, kudzithyola mphuno pa sinki, kumanga mimba ndi mabere ndi bandeji, n'kudzisandutsa Adrien, mnyamata amene anasowa zaka 10 zapitazo. Bambo wa mnyamatayo, mkulu wa ozimitsa moto, akumulandira ndi manja awiri ndipo safuna n'komwe kuyezetsa DNA.

Titane ili ndi vuto: kuphana kwa kumayambiriro kukuchuluka mopanda chifukwa chomveka, ndipo nkhani ya mimba imaphimbika ndi ya bambo wosweka mtima uja. Ine ndingati yambani ndi Rosemary's Baby, ngakhale imayenda pang'onopang'ono ndipo imapitirira maola awiri. Titane muionere pambuyo, ana atagona, komanso osati mukudya.