Ndemanga yanga pa nthano ya dongo la mawu imene ndinagula pa memori khadi

Kwa makolo anzanga a kuno ku Mangochi amene mukusowa choti ana azimvera akadya mgonero, khadi iyi ndi yoyenera kugula. Ndinaipeza kwa anyamata olowetsa nyimbo m'mafoni kufupi ndi msika wa pa boma, ndipo mtengo wake sunasiyane kwenikweni ndi wa khadi ya nyimbo wamba. Muli nthano imodzi yaitali ya zigawo 6. Imalira bwinobwino pa foni ya mabatani ndi pa kawayilesi ka sola kolowa khadi, moti bandulo ya intaneti sifunika.

Nthanoyi ndi yopeka, ndipo agogo ofotokozawo amanena zimenezi poyambirira pomwe. Akuti kalekale, azungu asanamange Fort Johnston, panali dooko lina m'mbali mwa Shire, pamene mtsinjewu wachoka m'nyanja ya Malawi kulowera ku Malombe. Pa dookopo amayi ankatunga madzi, asodzi ankasoka maukonde, ndipo mawu onse amene ankalankhulidwa pamenepo ankagwera m'matope. Zaka zitapita, matopewo anasanduka dongo lamoyo. Ukaliika kukhutu limanong'ona. Woyamba kulizindikira anali mayi woumba miphika.

Chimene chinandigwira mtima ndi chakuti dongoli lili ndi malamulo ake, ndipo agogowo saphwanya ngakhale limodzi mpaka nthano kutha. Dongoli limadya mawu. Woumba akakhala chete, limauma m'manja n'kung'aluka. Akamaumba akunena bodza, mtsukowo umaoneka wokongola ndithu, koma ukangothiramo madzi umadontha. Mphika woumbidwa ndi miseche umawawitsa ndiwo, pamene nkhali imene mayi uja anaumba akuimbira mwana wake nyimbo yogonetsa inkafunditsa phala mpaka kucha. Ndipo moto sulipha dongoli. Likawotchedwa limangosunga mawu otsiriza amene linamva, choncho patsiku lowotcha miphika mudzi wonse unkasamala pakamwa. Amene analemba nthanoyi amadziwa ntchito youmba: kuponda dongo, kulichotsa timiyala, kusalaza ndi mwala wa kumtsinje, kuumitsa pamthunzi osati padzuwa. Apongozi anga, amene anaumbapo miphika ali mtsikana, ankangovomera ndi mutu.

Chigawo cha 4 ndicho chokoma kuposa zonse. Mfumu ina yadyera inamva za dongoli, inalamula kuti likumbidwe lonse n'kutsekeredwa m'nkhokwe, alonda awiri pakhomo, wina aliyense asayandikire. M'nkhokwemo munalibe wolankhula. Dongolo linayamba kuchepa mphamvu, kunong'ona kwake kukuzilala, mpaka linangotsala fumbi. Amene analipulumutsa ndi kamtsikana kamene kanabisa kachibulumwa kakang'ono m'chitenje, n'kumakauza usiku uliwonse zimene kaona tsikulo. Apa agogowo amatsitsa mawu kwambiri, ndipo ana anga, amene nthawi zambiri sakhazikika, anakhala phee ngati asodzi odikira mwera kuti uleke.

Ndiyamikenso nkhani ya zilankhulo. Kuno ambiri kunyumba timalankhula Chiyao, ana akapita kusukulu amakumana ndi Chichewa ndi Chingerezi. Chichewa chinasankhidwa kukhala chilankhulo cha dziko mu 1968, ndipo zambiri zojambulidwa zimene timagula zimakhala za m'Chichewa chokhachokha. M'nthanoyi mayi woumba amalankhula Chichewa, mnzake wa kutsidya amayankha m'Chiyao, ndipo palibe amene amaima kuti amasulire. Mphika umene awiriwa anaumbira limodzi ndiwo unakana kusweka utagwa m'bwato. Ana a mlongo wanga ochokera ku Lilongwe, amene Chiyao sachimva, anatsatira nkhani yonse osasochera, chifukwa zochitikazo zimadzifotokoza zokha.

China chimene ojambula ambiri amaiwala, awa anachikumbukira. Agogowo akati "Padangokhala," amasiya mpata woti omvera ayankhe "Tili tonse," ndipo amatero nthano yonse. Mpatawo ndi wokwanira, si wothamangitsa. Nyimbo zapakati nazo amaimba mzere umodzi n'kudikira kuti ana avomere. Mwana sangamvere khadi iyi atatseka pakamwa. Kwathu zafika poti ana amakatapa dothi kuseri kwa nyumba, n'kumaumba ting'ombe, akuuza ting'ombeto nkhani kuti tisang'aluke. Wamkulu anandifunsanso kuti Fort Johnston ndi kuti, ndipo anadabwa nditamuuza kuti ndi dzina lakale la tawuni yathu yomwe ino, imene inakhazikitsidwa mu 1891. Tsopano tikamadutsa pa nsanja ya wotchi ija kufupi ndi mlatho wa Bakili Muluzi amafuna kudziwa zambiri.

Zolakwika zilipo, ndipo zinandikhumudwitsa chifukwa ntchitoyi ndi yabwino. Chigawo cha 2 anajambulira panja, mphepo ikuwomba, moti pena mawu a agogowo amamira. Pa wayilesi ndiye bola, koma pa foni muyenera kuyandikira kwambiri. Zigawo sizinalembedwe maina kapena manambala oyenera, ndiye foni imazisakaniza: ife tinamva za nkhokwe ya mfumu tisanamve mmene dongolo linapezekera. Muuzeni wokugulitsaniyo azisanje musanachoke. Chigawo cha 5 chili ndi malo amene dongo lakufa limalira usiku ndi mawu a anthu amene anamwalira. Kwa ana aang'ono kwambiri pamenepa mpoopsa, ndi bwino kumvera masana kapena kukhala nawo pafupi. Mathero nawo anafulumira. Mfumu ija imangosintha mtima mwadzidzidzi, pamene nthano yonse inali ikuyenda modekha.

Chimene chikundipweteka kwambiri ndi chakuti pa khadi yonseyi palibe pamene patchulidwa dzina la agogowo, kapena la achinyamata amene anaimba nawo. Anyamata ogulitsawo nditawafunsa anangoti anaitenga kwa anzawo. Ndikanakonda ndalama yanga ikanafikako kwa eni ntchito. Ngati ojambula nthanoyi muwerenga ndemangayi, chonde jambulaninso chigawo cha 2 m'nyumba, ikani maina anu poyambirira, ndipo mutiuze kumene tingagule kwa inu eni ake. Ine ndidzagulanso, limodzi ndi ina yopatsa aphunzitsi a ana anga.