Miyezi 9 ndikuuza kompyuta zochita ndi mawu wamba, nazi zomwe ndaona pa buku la banki mkhonde

Mu Marichi muja ndinatengeka heve, ndinkauza aliyense kuti zophunzira programming, kulemba mapulogalamu a kompyuta, zatha, masiku ano ungoilembera AI ngati ukulembera mnzako pa WhatsApp iyo nkukulembera code yonse iwe uli phee. Pano tadutsa Disembala, tagawana ndalama, nde ndati ndibwerenso ndifotokoze mmene zayendera chifukwa ena mwa mawu aja ndikuwabweza.

Ine si wa IT ayi, ndine mlembi chabe wa banki mkhonde yathu, tilipo 22 ndipo ambiri ndi azimayi a mumsika. Kale zonse zinali mu kope limodzi lalikulu, masheya, ngongole, chiwongola dzanja, chindapusa cha ochedwa, ndi kandalama kaja timasonkha pambali ka maliro ndi matenda. Tsiku logawana tinkakhala mpaka mdima, calculator ikuzungulira mmanja, wina akuti mwandibera wina akuti werenganinso. Nde nditapeza laputopu yakale ndinati zonsezi zilowe mu spreadsheet, tebulo la pa kompyuta lowerengera lokha, ndipo ma formula ndi ka script kake, kapulogalamu kakang'ono, ndinkalembetsa kwa AI. Dzina lake sinditchula, ndinayesa ziwiri zitatu ndipo khalidwe lake ndi limodzimodzi.

Zabwino ndinene kaye, zilipo ndithu. Ndinailembera kuti ndikufuna munthu aliyense azioneka waponya masheya angati, ali ndi ngongole ya zingati, komanso izindipangira uthenga woti ndizingokopera nkutumizira membala. Usiku umodzi zinatheka. Ikatulutsa error ndinkangokopera mawu ofiira aja nkuipatsa, iyo nkukonza, ndipo sitopa ngakhale uifunse chinthu chimodzi kasanu. Ntchito yomwe inkandidyera Lamlungu lonse pano ndi ya mphindi zochepa. Pamenepa sindibweza mawu.

Vuto linayambira pa chiwongola dzanja. Ndinailembera kuti ngongole ndi 20 peresenti pa mwezi, basi, monga mmene timanenera pagulu ndipo aliyense amamva. Iyo sinafunse kanthu, inangolemba formula yowonjezera chiwongola dzanja pamwamba pa chinzake mwezi uliwonse. Koma ife sitichita choncho kwa aliyense, amene akubweretsa chiwongola dzanja chake mwezi ndi mwezi ngongole yake imakhala pomwepo, chimakwera pamwamba kwa yekhayo amene wadumphitsa. Pa K100,000 kwa miyezi 3 munthu wokhulupirika amalipira K160,000 yonse pamodzi, koma sheet inkamulembera K172,800. Manambala ankaoneka aukhondo, palibe chofiira, palibe chodandaula, ndipo ndinaizindikira patapita miyezi iwiri. Ndinakwiya koma nditawerenganso zomwe ndinalemba ndinaona kuti wolakwa ndine, lamulo lenilenilo sindinalinene chifukwa linali mmutu mwa anthu 22 ndipo palibe analilembapo.

Kenako mawu oti mwezi. Timakumana Loweruka lililonse ndipo kwa ife mwezi ndi mikumano 4, kwa kompyuta mwezi ndi wa pa kalendala. 2025 inali ndi Maloweruka 5 mu Marichi, Meyi, Ogasiti ndi Novembala, nde masiku obwezera ankangosemphana pang'onopang'ono. Nditapita nazo kugulu kuti tigwirizane, abale, mkangano wake! Zinapezeka kuti ngakhale ifeyo sitinkamva chimodzi, ena ankawerenga masabata ena ankawerenga deti, zaka zonsezi tinkangomvana ndi maso.

Yomwe inandichititsa manyazi ndi ya madeti. Mayi wina wogulitsa kaunjika anatenga ngongole pa 5 Julaye, ine nkulemba 5/7 ngati mmene tonse timalembera kuno, koma ka script kaja kankawerenga chi America, mwezi poyamba tsiku pambuyo, nde kanati 7 Meyi. Chinyengo chake nchoti madeti opitirira 12 ankatuluka bwinobwino poti kulibe mwezi wa 13, nde ukayang'ana mwachangu umaona ngati zonse zili mchimake. Tsiku lowerengetsa ndinawerenga ndalama yawo mokweza, mayi aja sanayankhe, anangotsegula chikwama nkutulutsa kakope kawo kothimbirira, nkunyowetsa chala kutembenuza masamba. “A sekilitale, mu Meyi ine ndinali kumudzi kokolola, ndalamayo ndinatengera kuti?” Gulu lonse kuseka. Ndinati pepani amayi, ndi makinawa, iwo nkuti “makinawo anawauza ndani?” Ndinasowa chonena.

Za Chichewa nazonso ndinayesa poti ambiri ankandifunsa. Imamva ndithu ukalemba zachidule, koma ikafika pa mawu athu a pagulu imaterereka. Kuponya masheya nthawi ina inakumva ngati kutaya, ndipo mtengo ukapanda kufotokoza bwino umatha kusanduka wa mthengo mmalo mwa wa katundu. Choopsa nchoti siinena kuti sindinamve, imangopitiriza molimba mtima. Ndinabwerera ku Chingerezi, ndipo zimandiwawa pang'ono chifukwa amsungichuma athu masamu amawadziwa kuposa ine koma chizungu chimawavuta, nde khomo lomwe akuti latsegukira aliyense kwa iwo ndi lotsekabe theka.

Zitandipweteka chonchi ndinayamba kuwerenga, nkupeza kuti maloto amenewa ndi akale. COBOL, chilankhulo cha programming, inapangidwa mu 1959, maganizo ambiri anachokera ku ntchito ya Grace Hopper, katswiri wa makompyuta wa ku America, cholinga chake code iziwerengeka ngati Chingerezi kuti mabwana a mmaofesi azitha kuimva, mpaka umalemba ADD A TO B GIVING C. SQL nayo, chilankhulo chofufuzira zosungidwa mu kompyuta, poyamba ku kampani ya IBM mu 1974 ankaitcha SEQUEL, chidule cha Structured English Query Language, mawu oti English ali mkati mwa dzinalo. Koma zonsezi ndi Chingerezi cha khungu lokha, ukaphonya kadontho zimakana. Edsger Dijkstra, katswiri wa makompyuta wa ku Netherlands, analemba kankhani mu 1978 kunena mosabisa kuti kufuna kulamula kompyuta ndi chilankhulo cha anthu cha tsiku ndi tsiku ndi uchitsiru, mfundo yake inali yoti zizindikiro zokhwima za masamu zimatiteteza ku zopanda pake zomwe pakamwa pamatulutsa mosavuta. Kenako Andrej Karpathy, katswiri wa AI, mu Januwale 2023, ChatGPT itangotuluka kumapeto kwa Novembala 2022, anati chilankhulo chatsopano cha programming chomwe chatchuka kwambiri ndi Chingerezi, ndipo mu Febuluwale 2025 ndi iyeyo anabweretsa mawu aja oti vibe coding, kumangouza AI osayang'ananso code. Mu Marichi ndinali kumbali ya Karpathy ndi miyendo iwiri. Pano mkulu wa ku Netherlands uja ndimamumvetsa, ngakhale sindinganene kuti ndi uchitsiru poti ine wosaphunzira code ndili ndi chinthu chogwira ntchito. Kungoti COBOL ikapanda kumva imakana, pomwe AI ikapanda kumva imaganizira, ndipo pa ndalama za anthu bola chokana.

Chomwe chimandiseketsa ndikayerekeza mauthenga anga. Wa mu Marichi unali mzere umodzi, werengera chiwongola dzanja cha aliyense. Wa mu Novembala ndi tsamba lathunthu, deti lili tsiku poyamba mwezi pambuyo, mwezi ndi masiku 28 kuchokera tsiku lotenga, ngati walipira chiwongola dzanja chonse usawonjezere, ngati walipira theka wonjezera chotsalacho chokha, ngati pena sunamve funsa usaganizire. Mwana wa achemwali anga amene akuphunzira za makompyuta atawerenga anaseka, akuti malume apatu mwalemba kale pulogalamu, mwangosowa ma bracket. Ndipo osazindikira ndaphunzira kuwerenga ma formula ngati IF ndi SUMIF, osati pofuna koma poopa kuyalukanso.

Nde amene mukufunsa ngati muyambe, yambani, makamaka pa zinthu zoti zikalakwika palibe akulira, mndandanda wa katundu kaya mauthenga okumbutsa. Bandulo sidya kwambiri poti ndi zolemba basi. Koma mayina ndi manambala a foni a anthu musaike mmenemo, ine ndimaipatsa ongopeka. Ndipo formula iliyonse yatsopano ndimayamba ndaiyesa pa anthu atatu omwe ndawawerengera kale pamanja, wolipira bwino, wodumphitsa, ndi wotenga ngongole pa deti la pansi pa 12.

Chaka chino tayambanso mu Januwale, malamulo onse tawalemba pa pepala ndipo aliyense wasayina, koyamba chiyambire gululi. Kope lalikulu lija gulu lakana kuti lipume, likulembedwabe pambali, ndipo amene asankhidwa kuti azilifananiza ndi laputopu yanga Loweruka lililonse ndi mayi a kaunjika aja.