The House of the Dead: Remake: pa Switch, PlayStation, Xbox kapena pa kompyuta?

Sega itatulutsa The House of the Dead mu 1996, gemuyi inali chimakina chachikulu choima ngati kabati, mfuti ziwiri zapulasitiki zili lende pazingwe. Umaponya ndalama yachitsulo, n'kunyamula mfuti, n'kuyamba kuwombera. Zipolopolo zikatha umaloza kunja kwa sikirini n'kukoka kamodzi, mfuti yadzaza. Mu Epulo 2022 kampani ya MegaPixel Studio ya ku Poland inaimanganso, Forever Entertainment n'kuifalitsa, koyamba pa Nintendo Switch pa 7, kenako pa PlayStation 4 (PS4), Xbox One ndi kompyuta pa 28. Anakonzanso zithunzi zonse, nyimbo n'kuikamo zina. Mfuti ija sinabwerere, chifukwa mfuti zamtundu wakale zinkadalira ma TV a chimbuyo aja, ndipo pa TV yopyapyala ya masiku ano sizigwira. Ndiye posankha pogulira, chofunika kuona ndi chimene mudzagwire m'manja.

Gemu yokha ndi imodzimodzi paliponse. Thomas Rogan ndi mnzake G alowa m'chinyumba cha Dr. Curien mu Disembala 1998 kukasaka Sophie Richards, chibwenzi cha Rogan, ndipo apeza mazombi ali pikitipikiti. Musawaganizire ngati ndondocha zathu zongokhala chete kuseri kwa chitseko, awa amakuponyera nkhwangwa. Zigawo ndi 4, ndipo zimphona zake ndi Chariot, Hangedman, Hermit ndi Magician. Ola silikwana, mwamaliza. Kuyenda simuyenda nokha, gemu imakukokani, ntchito yanu ndi kulunjika basi.

Kulunjikako ndiye nkhani yonse. Taganizani pa mlatho wa m'chigawo choyamba: zombi lanyamula wasayansi m'mwamba likufuna kumuponyera pansi. Muli ndi kanthawi kochepa kwambiri. Mukaliwombera msanga, munthuyo apulumuka ndipo mudutsa njira ina. Mukachedwa, agwa, inu mutsikira kunsi. Mukaphonya n'kulasa wasayansiyo, moyo wanu umodzi wapita. Chariot nayenso ali ndi kabala kamodzi pachifuwa pamene chovala chake chachitsulo chinang'ambika, kwina konse mukungotaya zipolopolo.

Pa Xbox mlatho umenewu ndi wowawa. Padi yake ilibe gyro, kaja komva kupendekeka kwa dzanja, choncho kachizindikiro kolozera mumakakankha ndi chala chachikulu pa stiki, ngati mukukoka mbuzi yokana kulowa m'khola. Zithunzi ndi zoyera bwino, koma gemu yopangidwira kuloza yasanduka yokwawa. Ngati Xbox ndi yokhayo muli nayo, pitani mu settings mukweze liwiro la stiki musanayambe.

Switch ndiyo imanyenga mtima. Mwagwira Joy-Con imodzi, kapadi kochotseka m'mbali mwa Switch, ngati kamfuti, mwapatsa mnzanu inayo, nonse muli chilili pabalaza, ndipo kwa mphindi zingapo zimamvekadi ngati zakale zija. Vuto ndi loti gyro siiona TV. Imangomva kuti dzanja lapotoka mochuluka bwanji, ndiye pang'onopang'ono kachizindikiro kamasochera, mpaka mupezeka mukuloza pazenera kuti muwombere chili pakati pa sikirini. Pali batani lokabwezera pakati, ndipo mudzalidina pafupipafupi kuposa momwe mukuganizira. Ena amazolowera n'kumalidina nthawi iliyonse akudzaza mfuti, osaliganiziranso. Zithunzi pa Switch ndi zofooka kuposa kwina konse, makamaka mu Horde, momwe mazombi amachuluka kangapo. Yatsani performance mode, kukongola kuchepe koma zinthu ziziyenda mosadukiza. Chabwino china n'choti ili ndi batire yake, magetsi akathima gemu siifera panjira.

PlayStation ili pakatikati, ndipo ingakwere pamwamba ngati muli ndi zida zoyenera. Padi yake ili ndi gyro, koma kuloza ndi manja awiri ngati wanyamula mbale ya ndiwo sikufanana ndi mfuti. Pambuyo pake anawonjezera PlayStation Move pa PS4, timitengo tija ta mpira wowala kunsonga. Kamera imaona mpirawo, choncho kulozako kumakhazikika kuposa kwa gyro yokha. Koma pamafunika kamera ndi Move yakeyo, ziwiri ngati muli awiri, ndipo kugula zonsezi chifukwa cha gemu yosakwana ola n'kuwononga ndalama. Ngati zinatsala m'kabati kuchokera nthawi ya VR, magemu aja ovala chipangizo kumaso, zitulutseni.

Pa kompyuta pali mouse, ndipo palibe chomuposa pa kulasa. Pamene mwaloza ndi pomwepo. Kupulumutsa asayansi onse, komwe kumatsegula chipinda cha zida zina monga uta ndi mfuti yoponya mabomba, kumatheka ndithu popanda kutukwana. Choipa chake, ngati n'choipa, gemu imapepuka kwambiri: mwakhala pampando, dzanja patebulo, mukudina mitu ngati mukutseka mafayilo ku ofesi. Ikani pa hard kuti thukuta libwereko. Kompyuta ndiyonso imalola mfuti zatsopano monga Sinden Lightgun, yomwe ili ndi kamera mkati ndipo imawerenga mzere woyera wozungulira sikirini. Imafuna kuleza mtima poitchera, ndiponso ndi yodula kuposa gemuyo.

Ine ndingatenge ya pa kompyuta ndikamasewera ndekha, ya pa Switch kukabwera alendo, chifukwa anthu awiri akamakuwa pabalaza kusochera kwa kachizindikiro kumasanduka mbali ya phwete. Paliponse pomwe mwasankha, dikirani itsike mtengo. Pa Steam (sitolo ya pa intaneti ya magemu a kompyuta) ndi pa eShop (ya Switch) imatsika kawirikawiri.